Nkhungu ya kumtunda, nkhungu za kunyanja

Mwadzuka bwanji aphunzitsi? Ndine mayi anu a ku Katoto kuno. Uthenga wanu ndinaumvera usiku, koma ndinati ndikuyankheni kukacha, chifukwa nkhani mwandifunsayi si ya mawu awiri. Ndikulankhula ndili pakhonde, kapu ya tiyi ili m'manja, ndipo mukadakhala pano bwenzi theka la funso lanu litayankhika kale. Kwagwa nkhungu moti mtengo wa mapeyala uli kumpanda uko sindikuuona. Mzuzu wa mwezi wa June ndi ameneyu.

Tsono mwati mwana wina m'kalasi mwanumo analemba kuti "dzulo tinadyera nkhungu", inu n'kumuthetha, anzake n'kuyamba kung'ung'udza. Choyamba chenicheni, mawa mukalowa m'kalasi mukamuitane mwanayo, mukamubwezere malikisi ake anzake akuona. Sanalakwe. Inunso sindikukudzudzulani ayi, mwana wanga. Munakulira ku Dedza, kumene nkhungu ndi ija imakuta phiri m'mawa basi. Koma pano ntchito yakufikitsani ku Nkhata Bay, ndipo kumeneko mawu omwewa amalowa m'poto.

Mawu amenewa ine ndimawadziwa panjira zitatu. Tengani cholembera.

Yoyamba ndi iyi yandizinga panoyi, ndipo sinditayapo nthawi chifukwa mumaidziwa. Mpweya umakhala ndi chinyezi. Kukazizira usiku, chinyezicho chimasanduka timadontho tating'onoting'ono tolendewera pafupi ndi nthaka. Ana muziwauza kuti ndi mtambo umene watsikira pansi, amamva msanga. Kuno imachuluka chifukwa tili pamwamba, mamita oposa 1,200, ndipo amene anadutsapo ku Chikangawa nyengo yozizira akudziwa mmene madalaivala amayatsira magetsi a galimoto kunja kutacha. Imeneyi timati yagwa, yakuta phiri, yachoka dzuwa litakwera.

Yachiwiri ndi ya m'khitchini. Buledi akagonera masiku pamalo achinyontho, timati wachita nkhungu. Nsapato zosiyidwa kunsi kwa bedi nyengo ya mvula nazonso zimachita. Imeneyi ndi yamoyo, ndi m'bale wake wa bowa, kungoti ndi wamng'ono kwambiri. Alimi ndi alangizi akamanena ya pa chimanga ndi mtedza amakonda kuti chuku, ndiye mawu awiriwa muwaphunzitse pamodzi. Apa musachite chibwana. Mtundu wina wotchedwa Aspergillus flavus umatulutsa poizoni wa aflatoxin amene amawononga chiwindi, ndipo kuphika sikumuchotsa. Mtedza wa chuku ndi wotaya, si wosinja n'kuthira m'ndiwo. Mukafuna kuwaonetsa ana, dontheserani madzi pang'ono pa chidutswa cha buledi, muike m'pepala la pulasitiki loonekera mkati, mumange, musiye pakona masiku angapo. Azionera kunja kwa pepalalo. Asamasule, asanunkhize.

Tsopano ya mwana wanu uja. Apa ndiye pali nkhani.

Tsiku lina mudzaima m'mbali mwa nyanja, mudzaona chinthu chakuda chitaima pakati pa madzi kutali, chikukwera m'mwamba ngati utsi, nthawi zina mizati iwiri itatu. Mlendo amafunsa kuti kodi bwato likupsa? Palibe moto. Ndi tizilombo touluka, tambirimbiri tosawerengeka, tikutuluka m'madzi nthawi imodzi. Zimenezo ndiye nkhungu za kunyanja. Kamodzi mukakaika pachikhatho kamaoneka ngati udzudzu waung'ono, koma sikaluma munthu, ndipo sikafalitsa malungo. Mfundo imeneyi muitsindike, chifukwa ana ochokera kumtunda amaganiza kuti chilichonse chooneka ngati udzudzu ndi mdani. Dzina lake la sayansi lembani bwino: Chaoborus edulis. Mawu achiwiriwo, edulis, ndi Chilatini, kutanthauza chodyedwa. Mwaona? Ngakhale amene anazipatsa dzina la m'mabuku anavomereza zimene mwana wanuyo analemba.

Moyo wake uli ndi magawo anayi: dzira, mphutsi, kenako gawo lija m'kalasi timati pupa, pomaliza kachilombo kamapiko. Gawo louluka limene timaonali ndi lalifupi kwambiri, ntchito yake n'kukwerana ndi kuikira mazira pamadzi, kwatha. Moyo wake wambiri umathera pansi pa madzi ili mphutsi. Ndipo mphutsi yakeyo, ine mpaka lero imandidabwitsa. Thupi lake ndi loonekera mkati ngati galasi, m'madzi simungaione bwino, mumangoona timaso takuda. Ili ndi timatumba ta mpweya, tiwiri chakutsogolo, tiwiri chakumbuyo, timene timaithandiza kukwera ndi kutsika. Masana imathawira pansi kwambiri, kumdima, kufupi ndi kumene mpweya wa okosijeni umathera. Paja nyanja yathuyi ndi yakuya mamita pafupifupi 700 cha kumpoto kwanuko, koma nsomba zimangokhala m'madzi apamwamba, mamita 200 ndi pang'ono, chifukwa kunsi kwake kulibe mpweya wopuma. Mphutsiyo imapirira kumene nsomba zambiri zimalephera. Kukada imakwera kudzasaka tizilombo ting'onoting'ono toyandama m'madzi, imatigwira ndi tinyanga take, ndipo kusanache yabwerera pansi. Usiku uliwonse ulendo womwewo.

Pepani, inaduka, panalowa foni ya kutchalitchi. Ndikupitiriza.

Ndimanena za mphutsi. Chifukwa chake ndakhalitsapo n'chakuti mukafika pa phunziro lija la chidyerano cha zamoyo, chimene chimadya chinzake nachonso n'kudyedwa, musakatenge chitsanzo cha m'buku cha nyama zimene anawo sanazionepo. Yambirani pa ndere zing'onozing'ono za m'madzi zimene zimapanga chakudya ndi dzuwa. Zimenezo zimadyedwa ndi tizilombo toyandama tija. Tizilomboto timadyedwa ndi mphutsi za nkhungu. Mphutsizo, makamaka zikamakwera kuti zisanduke zouluka, zimadyedwa ndi nsomba monga utaka, ndunduma ndi nkholokolo. Nsombazo n'kuthera m'mbale mwathu. Nkhunguzo zikatuluka m'mwamba, mbalame nazo zimachita phwando. Mukajambula pabolodi, dzina la nkhungu likhale pakati penipeni, mwana wa msodzi aone kuti ndiwo ya kwawo ili m'phunziro la sayansi.

Mwina mukudzifunsa kuti zinatheka bwanji kuti tizilombo ndi chinyezi cha m'mawa zikhale ndi dzina limodzi. Mmene ine ndimaonera, makolo anatchula chimene diso linaona. Zonse zitatu zimakuta: ina imakuta phiri, zina zimakuta nyanja, inayo imakuta buledi. Ndipo dzinali si la dzulo. David Livingstone atayenda ndi bwato m'mbali mwa nyanjayi mu 1861 anaziona, poyamba n'kuganiza kuti ndi utsi wa tchire likupsa. Analemba dzinalo mmene khutu lake linamvera, "kungo", n'kufotokoza kuti limatanthauza mtambo kapena nkhungu, ndipo ananenanso kuti anthu ankaziumba zibumba n'kumadya. Ndiye kuti pamene iye ankafika, agogo a ana anuwo anali atazitchula kale, atadziwa kale kuzigwira ndi kuziphika.

Nanga mwana adziwa bwanji kuti akunena iti? Muwaphunzitse kumvetsera mawu oyandikana nawo. Lembani ziganizo zitatu pabolodi. "Kwagwa nkhungu, yendetsani galimoto mosamala." "Nkhungu zatuluka, amayi atenga malichero." "Ufa uwu wachita nkhungu." Afunseni okha anene tanthauzo lililonse, musawauziretu. Adzaona kuti ya m'mawa timakonda kuitchula ngati chinthu chimodzi, yagwa, yachoka, pamene za kunyanja timati zatuluka, zabwera, tazigwira. Kenako aliyense apange ziganizo zake zitatu. Ndipo poti m'kalasi mwanumo ambiri kwawo amalankhula Chitonga, ena Chitumbuka, atumeni akafunse agogo awo kuti chilichonse mwa zitatuzi amachitchula bwanji. Zimene abweretse mulembe papepala lalikulu, mukhome pakhoma. Inunso muphunzirapo.

Chenjezo limodzi laling'ono: musasokoneze nkhungu ndi nkhunguni. Kuno kumpoto mukamva munthu akudandaula kuti sanagone chifukwa cha nkhunguni, akunena nsikidzi. Zilembo ziwiri zokha, koma izo zimaluma ndipo palibe amazidya.

Tsono kukaona nkhungu za kunyanja zija. Nthawi zambiri zimatuluka masiku a mdima, mwezi ukafa kapena ukangokhala kumene. Yang'anani kalendala, komanso pitani kudoko mukapereke moni kwa asodzi akuluakulu, muwapemphe kuti akaziona akutumizireni mwana. Iwo amadziwa mphepo imene imazikankhira kumtunda. Ana musawakweze bwato, zivute zitani. Imani nawo pamchenga. Gulu likafika pamene muli, atseke pakamwa, aphimbe mphuno ndi nsalu, atsinzine pang'ono, chifukwa zimalowa paliponse. Tengani botolo loyera louma, mugwiremo zochepa, mukazione ndi galasi lokulitsa zinthu. Awerenge miyendo, apeza isanu ndi umodzi. Awerenge mapiko, apeza awiri okha, monga ntchentche ndi udzudzu, chifukwa zonsezi ndi gulu limodzi. Ngati mungathe, gwirani udzudzu weniweni muuike pambali, ayerekeze milomo. Udzudzu uli ndi kamlomo katali kobayira, nkhungu zilibe. Mukafuna kupitirira apo, gulani utaka wauwisi m'mawa, mung'ambe pamimba ndi lezala, muike zam'katizo m'mbale yoyera ya madzi pang'ono. Masiku amene nkhungu zikutuluka mukhoza kupezamo zotsalira zake. Lezalayo mugwire ndinu, osati ana.

Kagwiridwe ndi kaphikidwe musakaphunzitse ndinu. Itanani mayi mmodzi wa m'mudzimo, mumupatse mpando kutsogolo kwa kalasi, inu mukhale kumbuyo. Ine anandiphunzitsa ndi apongozi anga a ku Chintheche, Mulungu awasunge kumene ali. Ankanyowetsa lichero kapena poto, n'kumalizunguza m'mwamba pakati pa gulu, tizilomboto n'kumamatira mpaka kuunjikana. Kenako ankazikanda, kuziumba zibumba, kukulunga m'masamba, kuziphika m'madzi, n'kuziyanika padzuwa mpaka ziume gwa. Chibumbacho chimakhala chakuda, ndipo chikauma bwino chimasungika. Pophika ankabenthula chidutswa, kuchiphwanya, kuthira tomato, anyezi ndi mchere, nthawi zina nsinjiro. Tsiku loyamba ndinadya mwaulemu chabe, koma nditazolowera ndinayamba kuzifunsa ndekha. Ndi ndiwo yomanga thupi monga ngumbi ndi mphalabungu, ndipo kwanu ku Dedza simunachitepo manyazi ndi ngumbi. Mwana wina akayamba kuseka anzake kuti amadya ntchentche, mumufunse modekha kuti mvula yoyamba ikagwa kwawo amathamangira kuchulu kukatani.

Poyanika pali chinthu chimene muwakumbutse mayiwo akamaliza kulankhula, mwaulemu: chibumba chikasungidwa chisanaumitsitse, kapena chikaikidwa m'pulasitiki, chimachita nkhungu ija ya m'khitchini. Zikatero n'zotaya. Ndipo chiganizo chimenecho mulembenso pabolodi, "nkhungu zachita nkhungu", muone ngati ana angachimasulire.

Zikatuluka mwezi ukubwerawu, mundigulireko chibumba chimodzi chouma bwino, mukulunge m'nyuzipepala, mupatsire dalaivala wa minibasi yobwera kuno. Mundiimbire ikanyamuka, paja ndi ulendo wa ola limodzi, ndikaidikire kudepoti. Mundiuzenso mmene mwana uja walandirira malikisi ake. Mupereke moni kwa akunyumba.