Anamutchula dzina lake

Mwadzuka bwanji abale ndi alongo mwa Ambuye?

Dzulo ndikuwerenga Miyambo 18:3 m'Baibulo lachingerezi la King James, lija la mu 1611, ndinapunthwa pa liwu loti ignominy. M'chinenero chathu tingati chitonzo kapena manyazi aakulu, koma muzu wake ndi umene unandigwira mtima. Liwuli lidachokera ku Chilatini, ignominia: in ndiye kupanda, nomen ndiye dzina. Kulandidwa dzina.

Ku Roma wakale kunali akuluakulu awiri otchedwa censor, amene ankachita kalembera wa nzika pakatha zaka 5 zilizonse. Akaona kuti wina waonjeza khalidwe loipa, ankaika chizindikiro pambali pa dzina lake m'kaundula. Sankamumanga, sankamukwapula. Kachizindikiro komweko kankatha kum'chotsa ngakhale m'nyumba ya malamulo.

Ife kaundula wathu sitilemba papepala, timasunga pakamwa. Mverani pa mjigo m'mawa uno. Munthu akalakwa kamodzi, dzina lake limazimirira, amangotsala "chidakwa chija", "wakuba uja", "mtsikana anachimwitsidwa uja". Akangotulukira ndi ndowa yake, nkhani zii, aliyense maso pa mpini wa mjigo. Inenso musandione chonchi, alipo amene ndinawabatiza maina otere.

Tsono tsegulani Luka 19. Ku Yeriko, Zakeyu anali mkulu wa okhometsa msonkho, wolemera ndithu, koma pakamwa pa anthu anali "munthu wochimwa" basi. Ndime 7 ikutero, anthu akung'ung'udza. Bambo wamkulu, wachuma, mpaka kukwera mumkuyu ngati mwana, chifukwa anali wamfupi ndipo khamulo linamutchinga. Ndimaganiza kuti panalibe ndi mmodzi yemwe wofuna kum'patukira.

Yesu atafika pansi pa mtengowo anakweza maso. Sanayambe ndi mlandu wa ndalama. Anayamba ndi chimene mzinda wonse unam'landa: "Zakeyu." Kenako anamuuza kuti atsike msanga, lero akhala kunyumba kwake. Za kugawira osauka theka la chuma ndi kubweza kanayi zinabwera pambuyo, zotuluka m'kamwa mwa mwiniwake, osakakamizidwa.

Ngati mwadzuka mutasenza dzina limene anthu anakupatsani chifukwa cha zimene munachita zaka zapitazo, werengani mpaka ndime 9. Pamaso pa ong'ung'udza omwe aja, Yesu anamuwonjezera dzina lina: mwana wa Abrahamu.