Makalata a omvera: Whoopi Goldberg sanayambire pa Sarafina!

Takulandirani omvera. Makalata a lero onse akukhudza mayi Whoopi Goldberg, wosewera mafilimu komanso wanthabwala wa ku America, amene tinawatchula sabata yatha.

Yoyamba yachokera kwa bambo ena a ku Zomba. Akuti: "Achimwene, munalakwitsa ponena kuti mayiwa anatchuka ndi filimu ya Sarafina! ya 1992. Ife kuno tinawadziwira pamenepo ali mphunzitsi Mary Masombuka, koma n'kuti atalandira kale Oscar, mphotho yaikulu ya mafilimu, mu 1991 chifukwa cha filimu ya Ghost. Dzina lawo lenileni ndi Caryn Johnson, anabadwira ku New York mu 1955. Chimene chinawatulutsa ndi sewero la munthu mmodzi, The Spook Show, la 1983. Pa nsanja panalibe katundu wambiri. Iwo ankangosintha mawu, kayendedwe ndi kaimidwe, n'kukhala munthu wina. Chovala choyera akachifunda kumutu, ankasanduka kamtsikana kakuda kolakalaka tsitsi lalitali la chizungu. Anthu ankayamba ndi kuseka, kenaka holo yonse zii. Achinyamata athu ambiri amagwa apa: amathamangira nthabwala asanamumange munthuyo, ndiye nthabwala ikapanda kugwira alibe pogwira."

Zikomo bambo, mwandikonza ndipo ndavomera. Ndiwonjezere kuti wotsogolera masewero Mike Nichols ndiye anatengera seweroli ku Broadway, dera la masewero akuluakulu ku New York, mu 1984, ndipo wotsogolera mafilimu Steven Spielberg atawaona akusewera anawapatsa gawo la Celie mu The Color Purple ya 1985.

Mayi ena a ku Area 25 ku Lilongwe akufunsa kuti n'chifukwa chiyani mafilimu amene anatsatira sakumbukika. Iwo omwe ayankhako: akuti magawo ena sanalembedwe poganizira mayiwa, monga Burglar ya 1987, imene m'buku lake wakubayo ndi mwamuna.

Zoona mayi, koma si nthawi zonse chovala chobwereka chimathina. Sister Act ya 1992 inakonzedwera wosewera wina, Bette Midler, komabe inawakhala Whoopi bwino lomwe, chifukwa gawolo linkafuna zomwe iwo amatha: munthu wa pakamwa ataponyedwa pakati pa masisitere odekha.

Kalata yaitali ndi iyi ya mayi a ku Johannesburg, odziwa za pa wayilesi ya kanema. Akuti: "Kuseketsa ndi kuyendetsa macheza ndi ntchito ziwiri zosiyana. Pulogalamu yawoyawo, The Whoopi Goldberg Show, inayamba mu 1992, mlendo mmodzi kwa theka la ola, ndipo inatha mu 1993. Wanthabwala anazolowera kuti maso onse akhale pa iye, pamene wocheza ndi mlendo ayenera kufunsa n'kukhala chete. Ku The View, pulogalamu ya macheza ya pa kanema wa ABC ku America, kumene akhala wotsogolera kuyambira 2007, ntchito ndi ina. Amayi angapo amakhala patebulo limodzi kwa ola, pulogalamu ikuulutsidwa pompopompo. Wotsogolera amatsegula mutu, kupatsa aliyense mpata, kuletsa awiri olankhulira pamodzi chifukwa woonera samva kanthu, kenaka kudula nkhani nthawi ya malonda ikakwana ngakhale mkangano uli pakati. Choopsa chake n'chakuti palibe wodula mawu olakwika asanafike kwa anthu. Mu 2022 ananena kuti kuphedwa kwa Ayuda ndi chipani cha Nazi sikunali nkhani ya mtundu wa anthu. Anapepesa, koma ABC inawaimitsabe kwa masabata awiri."

Mayi, apa mwatilasa ifenso okhala pa maikolofoni. Za tebulo ndikugwirizana nanu kotheratu. Koma pa pulogalamu ya 1992 ija musaiwale kuti pa mapulogalamu a macheza a usiku ku America panali mpikisano woopsa, wanthabwala Jay Leno atangotenga pulogalamu ya The Tonight Show ndipo ya Arsenio Hall ikadali pamoto.

Mnyamata wa ku Chipata wafunsa tanthauzo la EGOT. Ndi mphotho zinayi: Emmy ya pa kanema, Grammy ya nyimbo ndi mawu ojambulidwa, Oscar ya mafilimu ndi Tony ya masewero a pa nsanja. Mayiwa anazikwanitsa mu 2002, ndipo Tony ija sanailandire ngati wosewera ayi, koma ngati mmodzi wa okonza sewero. Yakwana nthawi ya nyimbo, tikabwerako tiwerenga za ku Mulanje.