Mwendo anadula koma ukupwetekabe: yesani kalilole

Omvera athu, lero ndikulankhula ndi inu amene anakudulani mwendo kapena mkono, kaya chifukwa cha ngozi ya pamsewu, kaya matenda a shuga, koma usiku mumamva chala chomwe kulibe chikuyabwa, phazi likuotcha kapena litakhwinyata. Simunapenge ayi, ndipo palibe wakulodzani. Ambiri mwa odulidwa ziwalo amazimva zimenezi. Dokotala wa ku America, Silas Weir Mitchell, anazilemba kale mu 1871 ataona asilikali ovulala pa nkhondo yapachiweniweni ya kwawoko.

Gwero lake ndi ubongo. Chiwalo chilichonse chili ndi malo ake mmenemo, ndipo mwendo ukachoka malo aja amatsala, akudikirabe uthenga wochokera kuphazi. Malo a dzanja anayandikana ndi a nkhope, moti V. S. Ramachandran, katswiri wa za ubongo wa ku San Diego ku America, anapeza kuti ena odulidwa mkono ukawakhudza patsaya, amamva ngati wawagwira chala chodulidwacho. Ndi yemweyo anayambitsa njira ya kalilole yomwe ndikuuzeniyi.

Pezani kalilole wamkulu ndithu, wotha kuonetsa mwendo wonse. Khalani pamphasa kapena pabedi, mutambasule miyendo. Muimike kaliloleyo pakati, mbali yoonera iyang'ane mwendo wamoyowo, wodulidwawo ubisike kuseri. Vulani nsapato ndi sokosi. Ngati ndi mkono, chotsani wotchi ndi mphete, chifukwa ubongo ukaona zimenezo umazindikira msanga kuti ili ndi dzanja lina.

Tsopano maso akhale pakalilole, osati pamwendo weniweniwo. Gwedezani zala pang'onopang'ono. Pindani phazi, litambasuleni, lizungulitseni. Apa ndiye pagona nkhani: mumtima muziyesetsa kusuntha phazi lomwe kulibelo pamodzi ndi lomwe mukuliona, ngati onse awiri akuyenda limodzi. Musafulumire, chonde. Yambani ndi mphindi zisanu, muziwonjezera mpaka 15 patsiku. Pa kafukufuku wa ku chipatala cha asilikali cha Walter Reed ku America, wotuluka mu 2007, odwala ankachita mphindi 15 tsiku lililonse kwa milungu inayi, ndipo ululu unachepa. Si onse amathandizika, koma musagwe mphwayi tsiku lachiwiri.

Mukamva chizungulire, nseru, kapena ululu ukakula, lekani kaye. Ena misozi imabwera poona miyendo iwiri, choncho tsiku loyamba pakhale wachibale pafupi. Ndipo mvetsetsani ichi: ngati pamene anadulapo patupa, pakutentha kapena pakutuluka mafinya, kalilole alibe ntchito pamenepo. Pitani kuchipatala lero lomwe, makamaka inu a shuga.