Musanagule Benz, yambani mwawerenga zilembo zake ndi nambala ya chesisi

Omvera athu, takulandirani ku gawo lathu la za magalimoto. Mafunso ambiri amene mwatitumizira masiku apitawa ndi okhudza Mercedes-Benz, imene ambirife timangoitchula kuti Benz, ndipo funso lomwe labwera mobwerezabwereza ndi lakuti: munthu akafuna kugula, angadziwe bwanji kuti iyi ndi iti, popeza mayina ake ndi zilembo ndi manambala okhaokha? Ndiyesetsa kulongosola mwachifatse. Amene muli ndi cholembera pafupi mulembe, chifukwa pali mfundo imodzi imene ine mwini ndinatayirapo ndalama, ndipo pa mfundo imeneyo ndichedwapo.

Tiyambe ndi chilembo chimene chimamatidwa kumbuyo kwa galimoto, pa buti. Kampani iyi, yomwe likulu lake lili ku Stuttgart m'dziko la Germany, imagawa magalimoto ake m'mabanja, ndipo banja lililonse lili ndi chilembo chake. Pa magalimoto otsika, mabanja akuluakulu ndi A, C, E ndi S, ndipo kukula kwake ndi mtengo wake zimakwera motsatira ndondomeko yomweyo. Ya A ndi yaing'ono, kawirikawiri yodula kumbuyo, ndipo imakoka ndi matayala akutsogolo. Ya C ndi imene mumaiona kwambiri m'misewu ya ku Blantyre ndi ku Lilongwe, ndipo imakankha ndi matayala akumbuyo. Ya E ndi yaitali kuposa ya C, mpando wakumbuyo ndi wotakasuka, ndipo ku Germany yagwira ntchito ya takisi kwa zaka zambiri. Ya S ndiyo ya pamwamba, yopangidwira munthu amene amakhala kumbuyo wina akuyendetsa.

Tsopano magalimoto okwera, aja a msinkhu. Amenewa... ayi, ndibwerere pang'ono, chifukwa apa pali njira yachidule imene ikuthandizeni kuti musaloweze pamtima mayina onse. Magalimoto okwera amayamba ndi zilembo ziwiri, G ndi L, ndipo chilembo chachitatu chimakuuzani banja limene galimotoyo ikufanana nalo pakati pa otsika aja. GLA ndi mnzake wa A, GLC ndi mnzake wa C, GLE ndi mnzake wa E, ndipo GLS ndi mnzake wa S. Ndibwereze: yang'anani chilembo chachitatu. Dongosolo limeneli linakhazikika cha m'ma 2015, ndipo n'chifukwa chake mukamafufuza galimoto yakale mudzapeza mayina ena. Imene kale inkatchedwa ML ndiyo inasanduka GLE, GLK inalowedwa m'malo ndi GLC, ndipo GL inasanduka GLS. Choncho wogulitsa akakuuzani kuti ali ndi ML, musaganize kuti ndi mtundu wachilendo. Ndi kholo la GLE. Palinso ya chilembo chimodzi chokha, G, ya maonekedwe a bokosi ija, imene yakhala ikupangidwa ku Graz m'dziko la Austria kuyambira 1979. Imeneyo ili payokha, ndipo mtengo wake nawo uli pawokha.

Ndikumbukire pano mayi wina amene anabwera kudzandifunsa nzeru asanagule. Mayiyu amakhala kumalo kumene msewu wake ndi wafumbi, ndipo nyengo ya dzinja matope amakhala osaneneka. Anaona GLA pa intaneti, anaikonda, nati popeza ndi yokwera ndiye kuti matayala onse anayi amakoka. Ndinawauza kuti, mayi, onani kaye ngati kumbuyo kwalembedwa mawu akuti 4MATIC, chifukwa popanda mawu amenewo GLA imakoka ndi matayala akutsogolo okha, ngati A yomwe ija. Sanafune kudikira, anatumiza ndalama. Mvula itayamba, galimoto ankaisiya kwa achibale pafupi ndi tala n'kumaliza ulendo wapansi. Galimotoyo inalibe vuto lililonse; anagula yosayenera msewu wawo. Choncho lembani mawu amenewa, 4MATIC, ndiwo amasonyeza kuti matayala onse anayi amakoka, ndipo amapezekanso pa C, pa E ndi pa S zina.

Tibwere pa manambala atatu amene amatsatira chilembo, monga C180, C200, E250, E300. Kale manambalawa ankayandikira kukula kwa injini, moti 200 ankatanthauza injini ya malita awiri. Masiku ano si choncho ayi. Nambala imangosonyeza kuti galimotoyo ili pa mlingo uti wa mphamvu m'banja lake. Ndipereke chitsanzo cha C200 yokha. C200 ya m'zaka za 2007 mpaka 2014 inali ndi injini ya malita 1.8. Yotsatira yake, kuyambira 2014, inali ndi ya malita 2.0. Ndipo kuyambira 2018, C200 yambiri inabwera ndi injini ya malita 1.5 yothandizidwa ndi kamota ka magetsi. Dzina ndi limodzi, mainjini ndi atatu. Nkhaniyi ikukhudzani mwachindunji inu amene mukuitanitsa kunja, chifukwa msonkho umene MRA imawerengera pa galimoto umatengera kukula kwenikweni kwa injini ndi zaka za galimotoyo, osati nambala yomatidwa pa buti. Musawerengere ndalama za kasitomu poyang'ana nambala ya pa buti. Funsani kukula kwa injini kolembedwa m'mapepala.

Pambuyo pa nambala nthawi zina pamakhala kachilembo kapena mawu. Kachilembo ka d kakutanthauza dizilo, ndipo pa zakale mudzaona CDI, tanthauzo lake ndi lomwelo. Mukaona BlueTEC, dziwani kuti ndi ya dizilo imene nthawi zambiri imafuna madzi ena otchedwa AdBlue m'thanki yake yapadera, ndipo madziwo akatheratu galimoto imakana kulira kufikira mutathiramo ena. Kachilembo ka e kakutanthauza kuti ili ndi injini ya petulo pamodzi ndi batire lalikulu lotchaja kukhoma. Mawu akuti Kompressor mudzawapeza pa zakale za petulo. Popanda kanthu pambuyo pa nambala, imeneyo ndi ya petulo.

Tsopano tafika pa mfundo imene ndinalonjeza kuti ndichedwapo. Ndikupemphani mumvetsere bwino.

Kupatula dzina la pa buti, Benz iliyonse ili ndi nambala ya m'badwo wake, imene amakaniko ndi ogulitsa zipangizo amagwiritsa ntchito. Ya C ya 2007 mpaka 2014 imatchedwa W204. Ya 2014 mpaka 2021 ndi W205. Ya kuyambira 2021 ndi W206. Ya E nayo ili ndi yake: W211 kuyambira 2002, W212 kuyambira 2009, W213 kuyambira 2016. Mwaona kuti chaka chimene m'badwo wina ukutha ndi chomwecho chimene wina ukuyamba? Pamenepo ndi pamene pali msampha.

Ine ndinagula C200 ya 2014 kuchokera ku Japan. Inadzera padoko la Dar es Salaam n'kulowa pachipata cha Songwe, ndipo inafika ili bwino. Patapita miyezi ingapo inafunika mabuleki akutsogolo ndi sefa ya mpweya. Ndinaimbira foni wogulitsa zipangizo wina ku Johannesburg, ndipo atandifunsa kuti ndi galimoto yanji, ndinayankha kuti C200 ya 2014. Sanafunsenso china, nanenso sindinawonjezere kanthu. Katundu anabwera pa basi patatha masabata awiri. Tsiku limenelo ndinaimirira pambali pa makaniko wanga pamene ankatsegula katoni. Anatulutsa sefa, naisendeza pa bokosi lake pansi pa boneti, naitembenuza uku ndi uku, koma sinalowe. Anavula tayala, naika buleki yatsopano pambali pa yakale pa simenti, ndipo ngakhale ine wosadziwa ntchitoyo ndinaona ndi maso kuti ndi zosiyana. Kenako anandifunsa funso limene ndinayenera kudzifunsa ndisanaimbe foni: "Bwana, mwawauza kuti ndi 204 kapena 205?" Yanga inali W204, ya kumapeto kwa m'badwo wake. Wogulitsa uja anatumiza za W205, chifukwa nayonso ndi C200 ya 2014. Iye sanalakwe. Ndinamupatsa dzina, sindinamupatse m'badwo. Ndalama zobwezera katunduyo zinali pafupifupi zofanana ndi mtengo wake, choncho ndinangoitanitsa zina, galimoto n'kukhala masabata ena awiri osayenda.

Ndiye mungadziwe bwanji m'badwo? Njira yodalirika ndi nambala ya chesisi. Nambalayi ili ndi zilembo ndi manambala 17, ndipo mudzaiona m'munsi mwa galasi lakutsogolo, pa chomata cha pa mphuthu ya chitseko, komanso m'mapepala a galimoto. Pa ma Benz ambiri amene amafika kuno kuchokera ku Japan kapena ku Britain, imayamba ndi zilembo zitatu, kawirikawiri WDD kapena WDB, ndipo manambala atatu otsatira ndiwo m'badwo. Mukaona WDD204, ndi W204. Mukaona WDD205, ndi W205. Ndibwerezenso kwa amene mwangotsegula wailesi: dumphani zilembo zitatu zoyambirira, werengani manambala atatu otsatira. Musanatumize ndalama, uzani wogulitsa akutumizireni chithunzi cha nambala imeneyi. Akamazengereza, siyani, funani kwina. Ndipo mukadzagula, ilembeni mu foni, kuti tsiku lililonse loitanitsa chipangizo muzipereka nambala yonseyo, osati dzina la pa buti.

Ngati muli ndi zithunzi zokha, m'kati mwa galimoto mumaonekanso kusiyana. Pa W204 ndodo ya giya ili pakati pa mipando iwiri yakutsogolo. Pa W205 ya otomatiki, giya ndi kandodo kakang'ono kumbuyo kwa chiwongolero, ndipo sikirini yake imaimirira payokha pamwamba pa dashibodi. Ndipo poti tatchula chiwongolero, yang'anitsitsani mbali imene chili, chifukwa ku Japan kuli ma Benz ena a chiwongolero cha kumanzere ngakhale kuti dzikolo limayendetsa mbali yofanana ndi yathu. Zimenezi zimaoneka pa chithunzi choyamba cha m'kati, koma munthu akakopeka ndi mtengo wotsika sayang'ana.

Pali zilembo zina zitatu zimene zasokoneza achinyamata ambiri, zakuti AMG. AMG yeniyeni ndi nthambi yopanga magalimoto a liwiro, imene inayambitsidwa mu 1967 ndi Hans Werner Aufrecht ndi Erhard Melcher, ndipo ili ku Affalterbach m'dziko la Germany. Magalimoto ake ambiri ali ndi manambala awiri okha, monga C43, C63 kapena E63. Koma mukaona kuti C200 AMG Line, kapena AMG Sport, imeneyo ndi C200 wamba yovekedwa mabampala, malimu ndi mipando ya maonekedwe a AMG. Injini ndi yomwe ija. Musalipire mtengo wa liwiro pa chinthu chimene ndi chovala chabe. Ndiwonjezerenso kuti chovala chimenechi chili ndi mtengo wake pa misewu yathu, chifukwa kawirikawiri galimoto yotere imakhala yotsikirapo, malimu ake ndi aakulu ndipo matayala ndi opyapyala, moti dzenje limodzi la pamsewu wa M1 likhoza kupinda limu. Zambiri zimabweranso popanda tayala la sipeya. Tsegulani buti, kwezani kapeti, muone nokha. Mayina ena monga Avantgarde, Elegance ndi Exclusive nawonso ndi a zovala ndi za m'kati, osati a injini.

Wina wafunsa kuti nanga bwanji S yakale imagulitsidwa motchipa kuposa C yatsopanopo. Yankho lake ndi lakuti mtengo wogulira umatsika ndi zaka, koma mtengo wa zipangizo sutsika. Bambo wina amene ndimadziwana naye anapeza S ya zaka zoposa khumi pa mtengo umene anati sangaulole kudutsa. Tinamuuza kuti galimoto imeneyo siikhala pa masipuling'i achitsulo koma pa matumba a mpweya, dongosolo lotchedwa AIRMATIC, ndipo matumba a labala amatha ndi zaka monga chinthu china chilichonse cha labala. Tinamuuza kuti afunse kaye mtengo wa thumba limodzi ndi pampu yake. Iye anati adzaona zikadzachitika. M'mawa wina anaipeza itagwada mbali imodzi, tayala litabisala m'kati mwa bodi, ndipo inakhala pabwalo miyezi yambiri akusonkhanitsa ndalama. AIRMATIC imapezekanso pa E ndi GLE zina, choncho funsani, musangoganiza.

Maganizo anga ndi akuti kwa munthu amene akugula Benz koyamba ndipo amayenda kwambiri pa tala, C ya petulo ndiyo yoyambira. Chifukwa china n'chakuti C imapangidwanso ku East London m'dziko la South Africa, ndipo zipangizo zake n'zosavuta kupeza kumeneko, komanso amakaniko athu aizolowera. Amene muli ndi banja lalikulu kapena mumayenda maulendo ataliatali, onani E. Amene msewu wanu ndi wafumbi, onani GLC kapena GLE, koma muonetsetse kuti mawu aja a 4MATIC alipo.

Kwatsala funso la bambo amene afunsa za magalimoto oyamba ndi zilembo EQ, monga EQC, EQE ndi EQS. Amenewo ndi a magetsi okhaokha, alibe thanki ya mafuta, ndipo chilembo chachitatu chimatsatira dongosolo lomwe lija la mabanja. Bambo, musanafike pa mtengo, yambani mwawerengera maola amene magetsi amakhala akuyaka kunyumba kwanu pa sabata, mutitumizire, ndipo tidzayambira pamenepo m'gawo lotsatira.