Mwana akatsegula pakamwa, inu mudzayankha chiyani?

Zikomo amayi, zikomo abambo. Akumbuyoko mukundimva? Chabwino.

Ndaona ena mwayamba kale kuyang'ana pansi. Tipirire, nkhaniyi ndi yathu. Tikamachenjeza ana timati asamale ndi alendo, koma wogwirira mwana nthawi zambiri si mlendo ayi. Ndi amalume, bambo omupeza, achimwene ake, mwinanso bambo omubereka. Bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO limati mwa amayi 5 aliwonse, mmodzi amanena kuti anachitidwapo zimenezi ali mwana. Anyamata nawonso zimawagwera, kungoti amabisa kwambiri.

Munthu wotere sayamba ndi chiwawa. Amayamba ndi timphatso, kukondera mwana mmodzi kuposa anzake, kenako: "Ichi ndi chinsinsi chathu." Mwana akafuna kuulula amamuopseza: "Ukanena, akukhulupirira ndani? Banja lino likatha, wochititsa ndiwe." Basi, mwana zii. Inu mumangoona wayambanso kukodza pogona, wasiya kuseka, akamva kuti auje afika amathawa. Ife n'kumati wayamba mwano.

Tsiku lomwe adzalankhule, musakuwe, musamumenye, musafunse kuti bwanji sunanene kale. Funso limenelo limatseka pakamwa. Mungoti: "Ndakumva, ndakukhulupirira, wolakwa si iwe." Mukatero, ulendo wa kuchipatala. Ngati zangochitika kumene, asasambe, ndipo zovala zimene anavala musachape, ndi umboni. Mankhwala oteteza ku HIV, otchedwa PEP, ayenera kuyamba kumwedwa pasanathe maola 72, ndipo amamwa masiku 28. Oletsa mimba malire ake ndi masiku 5. Ngakhale patapita miyezi, pitanibe, ndipo kupolisi mukanene.

Mayi awo akweza dzanja. Akuti, nanga wolakwayo akakhala ndi amene amatidyetsa? Ee mayi, funso lanu ndi lenileni, ndipo sindikunamizani kuti n'zophweka. Koma taganizani: akuluakulu mwakhala pansi, mwapepesana, mwati zithere m'nyumba momwemo. Usiku womwewo mwanayo agona kuti? Pakhomo pomwepo, ndi munthu yemweyo. Ngati wina achoke, achoke wolakwayo, osati mwana.

Ndikudziwanso kuti pakati pathu pano alipo akuluakulu amene anakula nacho chinthu chimenechi osauza aliyense. Sindikufunsani kuti muimirire. Anthu akamabalalika ine ndikhala ndili pompano, sindifulumira kupita.