Katundu akaponyedwa m'nyanja amalipira ndani? Malamulo a Chisilamu ndi nkhani za panyanja

[Chithunzi: sitima yaikulu ya makontena itapingasa mu Suez Canal]

Muli bwanji abale anga, takulandiraninso. Sitima mukuionayi ndi Ever Given, kutalika kwake mamita 400, ija inapingasa mu Suez Canal mu March 2021 n'kutseka njira masiku 6. Ambiri tinaona zithunzi chabe n'kupitiriza zathu, koma amene anali ndi kontena mmenemo anakumana nazo. Eni sitima analengeza chimene amachitcha general average, kutanthauza kuti ndalama zopulumutsira sitimayo azigawana onse amene anali ndi katundu, ndipo kontena yako suiona mpaka utasaina kuti udzalipira gawo lako kapena inshuwalansi yako ikuimirire. Ndiye inu a ku Kamwala amene mumaoda katundu ku China, inu amene mukudikira galimoto yochokera ku Japan kudzera pa Dar es Salaam, lamulo limeneli limakukhudzani ngakhale kuno ku Lusaka kulibe gombe.

Manje funso langa lero ndi lakuti malamulo otere anachokera kuti. Kusukulu ya malamulo amayamba ndi Aroma, kenako amalumpha mpaka kwa Hugo Grotius, katswiri wa malamulo wa ku Holland wa m'zaka za m'ma 1600, ngati kuti pakati apo zaka mazanamazana anthu sankayenda panyanja. Komatu ankayenda, ndipo ambiri mwa iwo anali Asilamu, kuchokera ku Basra ndi Aden mpaka Kilwa, Calicut ndi Malacca, ndipo anali ndi malamulo olembedwa bwinobwino. Ine zimandiwawa kuti mbali imeneyi imasiyidwa, chifukwa nyanja imene imatidyetsa ifeyo ndi yomweyo ya Indian Ocean.

Tiyambe ndi katundu woponyedwa m'madzi. Mfundo yogawana chitayiko ndi yakale, Aroma anali nayo ndipo ankati inachokera ku chilumba cha Rhodes, apa tisanamizane kuti Asilamu ndiwo anayambitsa. Koma akatswiri a malamulo a Chisilamu, makamaka otsatira Imam Malik, anaifukula mpaka pansi. Pali buku lotchedwa Kitab Akriyat al-Sufun, la m'zaka za m'ma 900, nkhani yake yonse ndi kubwereka zombo ndi mikangano ya pakati pa eni chombo ndi okwera.

[Pa sikirini: chombo chamatanga, amalonda atatu, manambala akutuluka]

Taonani mmene zimayendera. Tinene kuti m'chombo muli amalonda atatu, woyamba katundu wake ndi wa K100,000, wachiwiri K200,000, wachitatu K300,000, zonse pamodzi K600,000. Namondwe wauka, madzi akulowa, mtsogoleri wa chombo wakuwa kuti pepukitsani, ndipo amalinyero sasankha, amagwira chimene chili pafupi, ndiye zagwera mitolo ya woyamba uja, ya K60,000 yapita m'nyanja. Chombo chapulumuka. Akafika padoko sangamuuze kuti pepani bambo ndi tsoka lanu, ayi, chifukwa katundu wa anzakewo wapulumuka kamba ka mitolo yake. Chotayikacho ndi gawo limodzi mwa magawo 10 a katundu yense, ndiye aliyense ataye gawo lomwelo. Wachiwiri apereka K20,000, wachitatu K30,000, woyamba alandira K50,000 ndipo K10,000 yotsalayo ndiyo yake yoluza. Palibe amene walemera, palibe amene wagwa yekha.

Ndipo mashehe aja sanalekere pomwepo, ankakangana kuti mtengo wa katunduyo tiwerenge wa kumene anagulidwa kapena wa kumene akupita, nanga chombocho chilowe m'masamu kapena ayi, ambiri a Maliki anati chisalowe, pomwe masiku ano sitima imalowa. Mukamva za York-Antwerp Rules, malamulo a masiku ano a general average, pa mapepala a shipping, ndi mikangano yomweyi itavala suti.

Ina ndi ya ndalama ya mtengatenga. Ganizani mwapanga hayala lole kuti ikutengereni mtedza kuchoka ku Chipata kubwera ku Soweto Market, yafera pa Nyimba, kodi dalaivala mumulipira? Imam Malik pa nkhani ya zombo anati malipiro ndi pofika, chombo chikamira panjira mwini wake salandira kanthu. Ena mwa ophunzira ake anati ayi, alandire molingana ndi mtunda umene wayenda. Ine ndimagwirizana ndi Malik, chifukwa mwini chombo akadziwa kuti ndalama ili kutsidya, sadzaza katundu mopitirira muyeso ndipo sanyamuka nyengo ili yoipa.

Kummawa uko nakonso, ku Malacca, m'zaka za m'ma 1400 analemba Undang-undang Laut Melaka, malamulo a panyanja osakaniza Chisilamu ndi miyambo ya Amalay, mmene nakhoda, mkulu wa chombo, anapatsidwa mphamvu ngati za mfumu chombo chikakhala pamadzi.

[Mapu: Iraq, mizinda ya Kufa ndi Baghdad]

Tsopano chombo chafika padoko la eni ake, chipembedzo china, mfumu ina, mwina mafumu anu anamenyanapo chaka chatha. Chimakuteteza n'chiyani? Apa ndi pamene pakubwera munthu amene ndikufuna dzina lake mulisunge, Muhammad al-Shaybani. Anakulira ku Kufa, anaphunzira kwa Abu Hanifa ndi Abu Yusuf, anapitanso ku Madina kwa Malik, anakhala woweruza m'nthawi ya Khalifa Harun al-Rashid, wolamulira Asilamu, n'kumwalira mu 805. Iyeyu analemba mabuku a siyar, gawo la malamulo lonena za mmene dziko la Asilamu likhalire ndi mayiko ena, za nkhondo, mapangano, akazembe, akaidi, amalonda achilendo. Buku lake lalikulu timalidziwa kudzera mu ndemanga ya al-Sarakhsi wa m'zaka za m'ma 1000. Buku lotchuka la Grotius la nkhondo ndi mtendere linatuluka mu 1625. Werengani nokha, papita zaka 820.

Mtima wa nkhani yonse kwa wamalonda unali aman, lonjezo la chitetezo. Mlendo wochokera kudziko la adani akapatsidwa aman, moyo wake ndi katundu wake sizikhudzidwa mpaka atabwerera kwawo. Chimene chimandisangalatsa n'chakuti si mfumu yokha imene inkapereka, Msilamu wamba ankatha kupereka, mayi ankatha kupereka, ndipo asilikali onse ayenera kulemekeza. Komanso ngati msilikali wakodola mdani ndi dzanja, mdaniyo n'kumva ngati akumuuza kuti bwera usaope, ndiye kuti aman yagwira basi, sungamuphe n'kumati ine sindimatanthauza zimenezo. Taganizani, lamulo likuyang'ana zimene wofookayo anamva, osati zimene wamphamvuyo akunena pambuyo pake.

Kazembe sankafunika n'komwe kupempha aman, uthenga umene wanyamula unali chitetezo chake. Msonkho wa amalonda achilendo nawo unali ndi dongosolo, kuyambira nthawi ya Khalifa Umar unali gawo limodzi mwa magawo 10, ndipo a Hanafi, otsatira Abu Hanifa uja, ankati tiziwalipiritsa monga mmene iwo amalipiritsira amalonda athu kwawo. Za mapangano ankaloza ku Hudaybiyya mu 628, pamene Mtumiki Muhammad anagwirizana ndi a ku Makka zosiya nkhondo kwa zaka 10. Za nkhondo ankaloza malangizo a Abu Bakr, khalifa woyamba, kwa asilikali, musaphe amayi, ana ndi okalamba, musadule mitengo ya zipatso, musaphe ziweto pokhapokha zodya.

Koma abale anga tisakometse zonse. Siyar inalembedwa ndi mbali imodzi, si kuti mayiko anakhala pansi n'kugwirizana, ndipo inkagawa dziko pawiri, la Chisilamu ndi la nkhondo. Inkalolanso ukapolo, monga mmene Aroma ankalolera, monga mmene Grotius mwiniwake analolera. Ife a kuno sitifunika kuuzidwa ndi buku. Zombo za Jumbe ku Nkhotakota zinkaolotsa anthu pa nyanja ya Malawi kupita nawo ku Kilwa, ndipo ambiri mwa anthuwo anali Achewa, makolo athu. Lamulo limene linkasamala mitolo ya wamalonda mpaka ndalama yomaliza silinawaone anthu amenewo ngati oyenera kubwerera kwawo. Ndikunena izi ndi mtima wowawa, ndipo sizikufafaniza zabwino zija, zonse ziwiri zinachitika panyanja imodzi.

[Mapu: Indian Ocean, mivi yochokera ku Lisbon]

Kumapeto kwa 1497 Mpwitikizi Vasco da Gama anazungulira kumwera kwa Africa, mu 1498 n'kudutsa pa Mozambique Island, Mombasa, Malindi, mpaka Calicut. Anapeza nyanja yotseguka, Aarabu, Aswahili, Agujarati, Amalay, aliyense akuyenda ndi mphepo ya nyengo yake, msonkho umalipira padoko koma pakati pa nyanja palibe mwini. Apwitikizi anabweretsa chachilendo, chiphaso chotchedwa cartaz. Chombo chilichonse chigule chiphaso kwa iwo, chopanda chiphaso chilandidwe kapena chimizidwe. Mu 1511 analanda Malacca yomwe ija.

Kenako a Dutch anafika, mu 1603 analanda sitima ya Apwitikizi yotchedwa Santa Catarina pafupi ndi Singapore, ndipo kampani yawo inafuna loya woti aikire kumbuyo zimenezi. Loyayo anali Grotius, ndipo mbali ina ya zimene analemba inatuluka mu 1609 ndi dzina loti Mare Liberum, kunena kuti nyanja ndi ya onse. Sindikuti anakopera kwa Asilamu, chimene ndikunena n'chakuti ufulu umene ankaulemba ku Europe unali ukugwira kale ntchito ku Indian Ocean. Ndipo a Dutch omwewo atapeza mphamvu anayamba kutsekera anzawo. Mu 1615 anauza Sultan Alauddin wa ku Gowa, ku Makassar m'dziko limene lero ndi Indonesia, kuti anthu ake asiye kupita kuzilumba za zokometsera zakudya, iye anawayankha kuti Mulungu analenga mtunda ndi nyanja, mtunda anaugawa pakati pa anthu koma nyanja anaipereka kwa onse, ndipo sizinamvekepo kuti munthu aletsedwe kuyenda panyanja. Mfumu ya Chisilamu ikuwakumbutsa a Dutch mfundo imene loya wawo anali atangoilemba zaka 6 zapitazo.

Kwa ife a Zambia mfundo imeneyi si ya m'kalasi. Ian Smith atalengeza UDI, kudzipatsa ufulu wodzilamulira popanda chilolezo cha Britain, ku Rhodesia mu November 1965 njira yakumwera inavuta, mafuta ankabwera m'madiramu pa Great North Road, msewu umene madalaivala anautcha Hell Run. N'chifukwa chake tinamanga paipi ya TAZAMA mu 1968, kenako njanji ya TAZARA, makilomita 1,860 kuchoka Dar es Salaam kufika Kapiri Mposhi. Ndiye pamene pangano la United Nations la malamulo a panyanja, UNCLOS, linasainidwa ku Montego Bay mu 1982, Zambia sinazengereze, inalivomereza mu March 1983, limodzi mwa mayiko oyambirira. Panganolo limapatsa dziko la m'mbali mwa nyanja mamailo 12 ngati malire ake ndi mamailo 200 a chuma cha m'madzi, koma Article 125 imati dziko lopanda gombe lili ndi ufulu wofika kunyanja kudzera m'mayiko oyandikana nalo, ngakhale kuti ndondomeko yake muyenera kugwirizana ndi eni njira. Malole aja mumawaona atandandalika pa Nakonde ndi pa Chirundu akuyenda pa ufulu umenewo.

[Chithunzi: Peace Palace, The Hague]

Nanga makhoti a masiku ano amawaona bwanji malamulo a Chisilamu? Poyamba ankawanyoza. Mu 1951 pa mkangano wa kampani ya mafuta ndi mfumu ya Abu Dhabi, Lord Asquith wa ku England anagamula kuti kumeneko kulibe malamulo okhazikika oti n'kumasulira kontrakiti yamakono, n'kugwiritsa ntchito mfundo zochokera kwawo. Kunena zimenezo kudera limene amalonda ake akhala akulemberana mapangano a zombo kwa zaka zoposa 1,000, kumeneko kunali kusafuna kuwerenga chabe.

Mu 1980 zinasintha pang'ono. Pa mlandu wa ogwira ntchito ku embase ya America amene anagwidwa ku Tehran, khoti la International Court of Justice linauza Iran kuti yalakwa, ndipo linanena poyera kuti mfundo yosakhudza akazembe ndi yakale kwambiri ndipo miyambo ya Chisilamu inathandiza kwambiri kuimanga.

Koma mlandu umene ndimaukonda ndi wa Eritrea ndi Yemen. Mayiko awiriwa anawomberana mu December 1995 polimbirana zilumba za Hanish mu Red Sea, kenako anagwirizana zopita kwa oweruza. Chigamulo choyamba mu 1998 chinapereka zilumba zikuluzikulu kwa Yemen, chachiwiri mu 1999 chinajambula malire a panyanja. Oweruzawo anaona kuti asodzi a mbali zonse ziwiri akhala akuwedza pamenepo kuyambira kalekale osafunsa chilolezo kwa wina aliyense, ndipo anati khalidwe limeneli likugwirizana ndi mwambo wa malamulo a Chisilamu wa m'deralo, umene ndi wakale kuposa maganizo a ku Europe akuti chilumba chikakhala chako ndiye utseke chilichonse. Ndiye anagamula kuti zilumba ndi za Yemen inde, koma msodzi wamba wa ku Eritrea apitirize kuwedza m'madzi amenewo, kugwiritsa ntchito zilumbazo pa usodzi wake, ndi kulowa m'madoko kukagulitsa nsomba zake, chimodzimodzinso msodzi wa ku Yemen kumbali ya Eritrea, ndipo boma lililonse likafuna kusintha malamulo okhudza asodzi amenewa liyambe lagwirizana ndi linzake.