Lumo la Yoshiyasu Hamamura: kumene filimu imadulidwa

Mukamaonera filimu yakale ya ku Japan, mayina a anthu amene anaigwirira ntchito amadutsa koyambirira, ndipo ambirife sitiwawerenga n'komwe. Lero tiime pa dzina limodzi, la Yoshiyasu Hamamura, mkonzi wa mafilimu pa kampani ya Shochiku, yemwe anadula ndi kulumikiza mafilimu ambiri a Yasujiro Ozu, wotsogolera kujambula mafilimu, kuphatikizapo Banshun ya 1949, Tokyo Monogatari ya 1953, ndi filimu yomaliza ya Ozu ya 1962.

Nthawi imeneyo kunalibe kompyuta. Filimu inali lamba wautali wa mamilimita 35 m'lifupi, ndipo sekondi imodzi inkadya tizithunzi 24, pafupifupi theka la mita ya lambayo. Mkonzi ankadula ndi manja n'kumata ndi guluu, moti kuchotsa tizithunzi 6 tokha kunali kufupikitsa kupuma kwa munthu wolankhula.

Tiyenera kunena chilungamo: Ozu ankakonzeratu zonse, mpaka kutalika kwa chithunzi chilichonse, ndipo m'mafilimu amene anapanga nkhondo yachiwiri ya padziko lonse itatha analeka kusungunula chithunzi china kuti chilowe m'chinzake. Chida chimene chinatsalira Hamamura chinali kudula basi. Kwa ine, apa ndi pamene luso limaonekera, chifukwa mkonzi wopanda pobisala akalakwitsa pang'ono chabe, diso la woonera limapunthwa.

Taonani usiku wa ku Kyoto mu Banshun. Noriko, yemwe mbali yake ikuseweredwa ndi Setsuko Hara, wagona pafupi ndi bambo ake m'nyumba ya alendo, pa ulendo wawo womaliza iye asanakwatiwe. Akuyamba kuwauza za kukhosi, koma bambowo agona kale, akuliza mkonono. Noriko akuyang'ana kudenga akumwetulira. Apa filimu ikudulidwa, ndipo tikuona mtsuko uli duu pakona ya chipinda, kumbuyo kwake kuli zithunzithunzi za masamba. Tikabwerera kwa Noriko, kumwetulira kuja kwatha, misozi ili pafupi. Nthawi imene mtima wake unatembenuka sitinaione, inadutsa ife tikuyang'ana mtsuko. Kenako mtsukowo ukubweranso kwa masekondi angapo, nthawi yokwanira kuti woonera ameze zimene waona. Akatswiri a mafilimu akhala akutsutsana kwa zaka zambiri za tanthauzo la mtsukowu.

M'filimu yomweyi, ukwati umene nkhani yonse yakhala ikulondola sukuonetsedwa, ngakhale nkhope ya mkwati sitikuiona. Timaona Noriko atavala zaukwati akutsanzikana ndi bambo ake, ndipo pamapeto bambowo akulowa okha m'nyumba ya zii, akukhala pampando n'kuyamba kusenda apulo. Khungu la apulo likugwa pansi, iwo akuweramitsa mutu, ndipo lumo likutipititsa ku mafunde a panyanja.